Lonjezo la ntchito pamaliro ndi chigamulo chimene abwana akuchinyoza

Munthu wamwalira ali pantchito ku Johannesburg. Abwana afika pasiwa, apereka chipepeso, kenako anena kuti mwana wamkulu adzalowe m'malo mwa malemu. Anamfedwa mtima ukhala pansi. Thupi lipita kumudzi, papita miyezi itatu, abwana aja foni sakuyankhanso. Apa m'pamene achibale amafunsa ngati angapite kukhothi.

Kuli maiko kumene kulemba ntchito wachibale wa malemu ndi ndondomeko ya boma. Ku India, wogwira ntchito m'boma akamwalira, mkazi wake kapena mwana akhoza kupatsidwa ntchito yapansi, ndipo boma lalikulu limapatula malo osaposa 5 pa 100 aliwonse. Komabe ngakhale kumeneko, khothi lalikulu linagamula mu 1994, pa mlandu wa Umesh Kumar Nagpal, kuti umenewu si ufulu wobadwa nawo ayi, ndi thandizo loti banja lisagwe m'mavuto adzidzidzi. N'chifukwa chake milandu yake imakoka zaka. Khothi limalamula ofesi kuti iunikenso pempho, ofesi iunika n'kukananso, banja lidandaula kuti akunyoza khothi, woweruza n'kuyankha kuti kuunikako kwachitika. Lamulo lawo la 1971 lokhudza kunyoza khothi limalola chilango chosaposa miyezi 6 kundende kapena chindapusa chosaposa 2,000 rupees, koma pokhapokha zitaoneka kuti wina wanyoza mwadala.

Ku South Africa, kumene ambiri a ife tili, lamulo lokakamiza bwana kulemba ntchito mwana wa malemu kulibe. Ngati mfundoyo ili m'pangano la yuniyoni ndi kampani, ifunseni kwa a yuniyoni. Ngati anangonena pakamwa, pemphani kalata yosainidwa sabata yomweyo mitima ikadali yofewa. Ine ndingati mphamvu zanu zambiri muziike pa ndalama zimene lamulo limazidziwa.

Ngati imfa yachitika chifukwa cha ntchito, pali chipukuta misozi cha lamulo la COIDA la 1993. Antchito a m'nyumba analowetsedwamo mu November 2020, Sylvia Mahlangu atapambana ku Constitutional Court, khothi lalikulu kwambiri la ku South Africa, pa nkhani ya mayi ake amene anamira m'dziwe losambira la abwana awo mu 2012. Ngati malemu ankadulidwa penshoni kapena provident fund, gawo 37C la lamulo la penshoni limapatsa oyendetsa thumbalo miyezi 12 yofufuza onse amene ankadalira malemu. Mkazi ndi ana amene ali ku Mzimba kapena ku Mangochi amawerengedwa, koma sangawadziwe ngati inu simuwatchula. Sonkhanitsani chikalata cha imfa, cha ukwati, za kubadwa kwa ana, ndi malisiti a Mukuru osonyeza kuti ndalama zinkapita kwawo. Funsaninso mwachangu ku UIF, thumba la boma la inshuwalansi ya antchito.

Nanga kunyoza khothi kumabwera pati? Kumabwera pamene muli ndi chigamulo m'manja. Tinene kuti mwanayo analembedwadi, kenako n'kuchotsedwa popanda chifukwa. Ali ndi masiku 30 okadandaula ku CCMA, bungwe loweruza mikangano ya pantchito, pa fomu ya LRA 7.11, ndipo salipira kanthu. Ngakhale amene mapepala ake anatha ali ndi ufulu womvedwa, malinga ndi mlandu wa Discovery Health wa 2008, ngakhale kuti kumubwezera pantchito kumavuta chifukwa cha lamulo loona za anthu olowa m'dziko. Iyeyo ayembekezere ndalama, zimene pa milandu yambiri siziposa malipiro a miyezi 12.

Mukapambana koma abwana n'kukhala chete, bwererani ku CCMA ndi fomu ya LRA 7.18 kuti chigamulo chitsimikizidwe. Chikatero chimakhala ndi mphamvu ngati cha Labour Court, khothi loona nkhani za ntchito. Apa njira zimapatukana, ndipo ambiri amasokoneza. Ngati chigamulo ndi cha ndalama, amene amagwira ntchito ndi sheriff (wokwaniritsa zigamulo za khothi), kukalanda katundu wa kampani n'kugulitsa. Ngati ndi chokubwezerani pantchito, m'pamene mumakasuma ku Labour Court kuti abwana akunyoza khothi.

Woweruza adzafuna kuona kuti chigamulo chilipo, kuti abwanawo anachilandira kapena akuchidziwa, komanso kuti sanachitsatire. Mukasonyeza zimenezi, zimatsalira iwo kufotokoza kuti sanachite mwadala. Ndiye pa tsiku limene chigamulo chatchula, valani mupite kuntchito, ngakhale mukudziwa kuti akubwezerani pageti. Pitani ndi mboni, lembani nthawi ndi dzina la amene wakubwezani, tumizani uthenga wa WhatsApp wonena kuti munabwera. Amene amakhala kunyumba kudikira foni amapatsa abwana pothawira, amangoti munthuyo sanaoneke. M'chikalata chosumira mutchule dzina la mwini kampani kapena mkulu wake, chifukwa amene angaopsezedwe ndi ndende ndi munthu, osati chikwangwani.

Abwana ali ndi masabata 6 okapempha Labour Court kuti iunikenso chigamulo, koma kungopempha sikuimitsa chigamulocho pokhapokha atapereka ndalama ya chikole kapena khothi litalamula. Akakuuzani kuti nkhani ili kwa maloya awo, funsani nambala ya mlanduwo, muitengere ku Legal Aid South Africa, bungwe la boma lothandiza osauka pa milandu, kapena kwa a yuniyoni akaione.