Kusintha Ntchito N'kulowa Zauinjiniya Muli Kunja: Zomwe Tingatole kwa Bridgit Mendler

Amene munali ndi ana okonda Disney Channel cha m'ma 2010 mwina mukumukumbukira Bridgit Mendler. Anabadwa mu 1992 ku Washington, D.C., anayamba zisudzo ali mwana, ndipo kuyambira 2010 mpaka 2014 ndiye anali mwini filimu m'sewero la pa TV la Good Luck Charlie. Lero ndi mkulu wa kampani ya Northwood Space ku California, yomwe imapanga masiteshoni a pansi olumikizana ndi masetilaiti. Pamene ankailengeza mu February 2024, kampaniyi inali itapeza mpamba wa $6.3 miliyoni kuchokera kwa oika ndalama monga Founders Fund ndi Andreessen Horowitz. Mu 2025 anapezanso $30 miliyoni.

Nkhani zotere anthu amakonda kutumizirana ndi mawu akuti "nanunso mungathe". Tinene zoona, abale: iye anali ndi ndalama, dzina lodziwika, komanso ndi nzika ya dziko lomwe akukhalamo. Inu mwina muli pa viza yomangirira kwa bwana mmodzi, mumagwira shifiti ya usiku yosamalira okalamba ku Leeds kapena mumagulitsa mu shopu ku Joni, ndipo kumudzi akudikira fizi ndi ya feteleza. Komabe pali chinthu chimodzi m'nkhani yake chimene chilibe kanthu kuti ndinu ndani: ndondomeko. Anayamba ndi kuphunzira, kenaka anayandikira anthu a ntchitoyo, nkhani ya ndalama inabwera pomaliza. Ambiri a ife timayambira kumapeto.

Onani zaka zimene zinadutsa. Sewero lija litatha anabwerera kusukulu, n'kukapeza digiri yachiwiri ku MIT Media Lab, kenaka ya zamalamulo ku Harvard mu 2024. Mu 2022 anagwirako ntchito ku FCC, bungwe la boma la America loyang'anira mafunde a wailesi ndi masetilaiti, ndipo kumeneko anaona m'mene zilolezo zimayendera. Nthawi ya Covid-19, iye ndi mwamuna wake Griffin Cleverly, yemwe ndi injiniya, ankapanga ma eriyo pogwiritsa ntchito zipangizo zogula mu hadiweya wamba ya Home Depot, n'kumakoka uthenga wochokera ku masetilaiti a zanyengo. Mwa njira imeneyi anazindikira kuti dziko lonse likuthamangira kuponya masetilaiti kumwamba, pamene mbali ya pansi, yolandira uthengawo, yatsalira. Sanadzitche injiniya usiku umodzi. Anagwirizana ndi mainjiniya enieni, iye n'kubweretsa zimene amadziwa pa malamulo ndi pa kulankhula ndi anthu.

Tsopano tibwere kwa inu. Choyamba, musasiye ntchito. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, ndipo kunja kuno mawuwa ndi olemera chifukwa ntchito ndiyo yagwira mapepala anu. Ku Britain, amene ali pa Health and Care Worker visa kapena Skilled Worker visa amaloledwa kuphunzira, koma kusintha bwana kumafuna sponsor watsopano ndi kupemphanso viza. Kuyambira July 2025 malamulo anakhwima: ntchito zambiri zopatsa viza ziyenera kukhala za mulingo wa digiri, ndipo malipiro ofunika anakwera kufika £41,700 pachaka. Apa pali mpata umene mabanja ambiri sauona. Amene anabwera ngati dependant, kutanthauza mkazi kapena mwamuna wa mwini viza, amatha kugwira pafupifupi ntchito iliyonse popanda sponsor. Choncho m'banja, nthawi zambiri ndi iyeyo amene ayenera kuyamba kusintha, mwini viza akugwirabe ntchito yake. Ku South Africa, viza ya mlendo simungaisinthe kukhala ya ntchito kapena ya sukulu muli m'dzikomo, mumayenera kukaipempha muli kumudzi. Ngati masiku anu anapitirira, yambani mwakonza zimenezo, chifukwa satifiketi iliyonse yomwe mungapeze idzakhala m'chikwama basi popanda pemiti.

Chachiwiri ndi mapepala a sukulu amene munabwera nawo. Apa ndipomwe ndikufuna tichedwepo, poti ndi pamene anthu amataya zaka. Digiri ya ku Poly, yomwe pano ndi MUBAS, ya ku MUST, dipuloma kapena satifiketi ya TEVETA, ngakhale MSCE yeniyeniyo, zonsezi zili ndi mtengo wake kunja, koma bwana wa kuno sadziwa kuziyeza. Pali mabungwe amene ntchito yawo ndi imeneyo. Ku Britain ndi UK ENIC, imene imapereka Statement of Comparability. Ku South Africa ndi SAQA. Ku America ndi Canada ambiri amadzera ku WES, ndipo mainjiniya ofuna chilolezo ku America amadzeranso ku NCEES. Onsewa amafuna transcript, ndipo ena amafuna kuti ichokere kusukulu kwanu mwachindunji, osadutsa m'manja mwanu. Lembani kalata ku ofesi ya registrar lero lomwe, ndipo pezani m'bale wodalirika woti azikaponda pakhomo pa ofesiyo. Onetsetsaninso kuti dzina la pa satifiketi likufanana ndi la pa pasipoti chilembo ndi chilembo. Ngati penapake munalembedwa ndi dzina la agogo, kapena munasintha dzina mutakwatiwa, konzeranitu affidavit. Kachinthu kakang'ono kameneka kamabweza fomu.

Mukadziwa mulingo wa mapepala anu, fufuzani bungwe la mainjiniya. Ku Britain, Engineering Council ili ndi masitepe: EngTech (ya tekinishani), IEng ndi CEng (yapamwamba pa zonse), ndipo mumalowera kudzera m'mabungwe a mainjiniya monga IET, IMechE kapena ICE. Ku South Africa ndi ECSA, ndipo kulembetsa ku bungwe lotere kumafunikanso popempha Critical Skills Work Visa. Maiko amene anasaina pangano la Washington Accord la 1989 amazindikirana madigiri mosavuta. Digiri yochokera kunja kwa panganoli amaiunika payokha, phunziro ndi phunziro, choncho sungani ma syllabus ndi lipoti la pulojekiti yanu ya chaka chomaliza. Ine ndimaona kuti ambiri amanyoza EngTech poganiza kuti ndi kutsika. Kumeneko n'kulakwitsa. Ndi khomo lofulumira, limakulowetsani pa site, ndipo luso la pa ntchito limene CEng imafuna mumalipeza mukakhala mkati.

Nanga amene mulibe digiri? Nkhani ya Northwood ikuphunzitsa kuyang'ana mbali imene anthu akuithawa. Aliyense akufuna kukhala wolemba mapulogalamu a kompyuta, ndipo mpikisano wa ntchito zoyambira kumeneko wakula. Koma intaneti ili ndi thupi: mawaya a fibre, ma data centre, milongoti ya mafoni, magetsi a dzuwa, mabatire. Zonsezi zimafuna munthu wa manja, wosaopa makwerero ndi shifiti ya usiku, zomwe inu munazolowera kale. Satifiketi ya zamakompyuta ndi netiweki monga CompTIA A+ kapena Cisco CCNA mukhoza kuiwerengera kunyumba, ndipo mayeso a CCNA ndi pafupifupi $300. Ofuna zamagetsi ku Britain amadutsa NVQ Level 3 ndi mayeso a AM2, ku South Africa amadutsa ku TVET college mpaka trade test. Musanalipire aliyense, dziyeseni kaye ndi zaulere: CS50 ya Harvard, MIT OpenCourseWare, freeCodeCamp. Mukatha miyezi itatu mukuwerengabe pambuyo pa shifiti, ndiye kuti mtima ulipo. Mukatero lipirani.

Za fizi mwachidule: ku England mitengo ya nzika kawirikawiri imafuna kuti mukhale ndi settled status (chilolezo chokhala m'dzikomo mpaka kalekale) komanso zaka 3 m'dzikomo, choncho funsani koleji musanalembetse. Open University ndi UNISA zimalola kuphunzira pang'onopang'ono mukugwira ntchito. Ku South Africa funsani za mitengo ya ophunzira a SADC, poti pangano la 1997 linati azilipira ngati eni dziko.

Ndipo pangani kanthu kooneka. Ma eriyo a mu hadiweya aja ndiwo chitsanzo. Gulani switch ndi router (zipangizo zolumikizira makompyuta) zakale pa eBay kapena Gumtree, mulumikize netiweki pa tebulo lodyera, muiwononge dala, muikonze, mulembe zimene mwachita. Konzani zokuzira mawu ndi intaneti ya kutchalitchi kwanu. Pa intavyu, munthu amene angafotokoze waya umene unamuvuta ndi m'mene anaupezera amaposa wongoonetsa pepala.

Tsopano ndalama. Dziwani kuti Mendler anakopa ndalama za akatswiri oika mpamba. Akatswiriwo amaika m'makampani ambiri nthawi imodzi akudziwa kuti ochuluka adzagwa, ndipo amodzi kapena awiri ndiwo adzabweze zonse. Ku America lamulo limatsekera anthu wamba kunja kwa malonda ambiri otere, pokhapokha ngati amapeza zoposa $200,000 pachaka kapena ali ndi chuma choposa $1 miliyoni osawerengera nyumba. Ndiye wina akakuuzani pa WhatsApp kuti ali ndi mwayi woti mulowe msanga mu kampani ya AI kapena ya masetilaiti ndi £500, dziwani kuti khomo lenileni silitsegulidwa choncho. Abale a ku Joni akukumbukira Mirror Trading International, yomwe inkalonjeza phindu lalikulu mwezi ndi mwezi pa Bitcoin mpaka inagwa mu December 2020, bungwe la FSCA, loyang'anira makampani a zachuma ku South Africa, litachenjeza kale. Anthu ankalowetsedwa ndi anzawo, ndipo ndi chimene chimawawa: wokuitananiyo nthawi zambiri si wakuba, nayenso akuberedwa.

Njira yoyenera munthu wa malipiro ndi yosasangalatsa kumva koma ndi yolimba. Sungani kaye ndalama ya miyezi ingapo ndi ya tikiti yopita kumaliro. Bwezani ngongole za chiwongoladzanja chachikulu. Kenaka ikani kangachepe mwezi uliwonse mu index fund, thumba logula masheya a makampani mazanamazana nthawi imodzi, momwe Microsoft, Apple ndi Nvidia alimo kale. Ku Britain, Stocks and Shares ISA imalola £20,000 pachaka popanda msonkho pa phindu. Ku South Africa kuli tax-free savings account ya R500,000 pa moyo wonse. Masheya amatsika ndi kukwera, choncho ikani yokhayo imene simudzaifuna kwa zaka 5 kapena kuposa. Kampani iliyonse musanaipatse ndalama, ifufuzeni pa kaundula wa FCA (bungwe loyang'anira makampani a zachuma ku Britain) kapena FSCA, ndipo imbani nambala imene ili pa kaundulapo, osati imene akutumizirani, chifukwa akathyali amabwereka maina a makampani enieni.

Ofuna kuika kumudzi, pa Malawi Stock Exchange pali TNM ndi Airtel Malawi, ndipo mumagula kudzera kwa stockbroker wovomerezeka ndi Reserve Bank of Malawi. Werengerani phindu lanu m'mapaundi kapena m'marandi amene munatumiza, osati m'makwacha okha. Mu November 2023 kwacha inatsitsidwa ndi 44 peresenti tsiku limodzi. Funsaninso banki yanu, musanatumize, za akaunti ya ndalama zakunja ndi mapepala amene adzafunike pa tsiku limene mudzafune kutulutsanso ndalamayo.