Momwe mungaikire magemu akale pa laputopu ndi kuwasewera kudzera pa Playnite

Malaputopu ambiri amene tili nawo kuno ku Mulanje ndi ogwirapo kale ntchito kwina, ogula ku Limbe kapena obwera ndi achibale kuchokera ku Joni. Ambiri ndi a Core i3 kapena i5, RAM yake 4 GB. Magemu atsopano pa makina otere musavutike nawo, amangotenthetsa laputopu fani nkumalira usiku wonse. Koma Doom ya 1993, Age of Empires II ya 1999, Need for Speed Most Wanted ya 2005 kapena PES 6 zimathamanga bwinobwino, bola mudziwe zoti muikemo kaye. Pulogalamu yotsegulira magemu ngati Playnite, imene achinyamata amangoti launcher, ntchito yake ndi kusonkhanitsa magemu anu onse pamalo amodzi ndi zithunzi zake kuti muzingodina. Siichiritsa gemu yokana kuyaka. Ntchito yeniyeni ili pa Windows, ndipo ndi pamene ndichedwepo.

Musanalumikize laputopu ku hotspot ya foni, lowani mu Settings, pa Network & Internet, musankhe Wi-Fi ya foni yanuyo ndi kuyatsa Metered connection. Mukapanda kutero Windows imayamba kudzitsitsira zosintha zake mwakachetechete, inu mukadzayang'ana bandulo yapita musanatsitse gemu ndi imodzi yomwe. Kaya muli pa TNM kaya pa Airtel, onani kaye mabandulo a usiku chifukwa amakonda kutsika mtengo, ndipo netiweki imapepuka anthu akagona. Kwa amene muli kumunsi kwa phiri cha ku Likhubula kumene netiweki imabwera nkumapita, ndi bwino kutsikira ku Chitakale kapena pa Boma mukatsitse zonse kamodzi.

Tsopano kumene mutenge magemuwo. Ine ndimalimbikitsa GOG, sitolo ya pa intaneti imene inayamba mu 2008 pansi pa kampani ya ku Poland ya CD Projekt, dzina lake loyamba linali Good Old Games. Ubwino wake kwa ife a bandulo yowerengera ndi woti gemu mukaitenga ndi yanu, siifuna intaneti nthawi iliyonse mukafuna kusewera. Tsegulani akaunti pa gog.com, ndi yaulere. Pali magemu ena osalipira ngati Beneath a Steel Sky, Flight of the Amazon Queen ndi Tyrian 2000, yambirani amenewo poyesera. Mukalowa pa mndandanda wa magemu anu, musathamangire batani lalikulu loika GOG Galaxy, launcher ya GOG. Yang'anani m'munsi pamene alemba Download offline backup game installers. Pamenepo mupeza fayilo ya setup, ndipo ngati gemu ndi yaikulu pamakhalanso mafayilo ena othera ndi .bin. Tsitsani onse, akhale mufoda imodzi, musasinthe mayina.

Steam, sitolo ina ya magemu ya pa intaneti, nayo ili ndi magemu akale ambiri, koma imakonda kudzikonza yokha mukangoitsegula pa intaneti, ndipo kuyambira pa 1 Januwale 2024 inasiya kugwira pa Windows 7 ndi 8. Epic Games imapereka gemu yaulere sabata iliyonse, kungoti ambiri ndi olemera. Nkhani yolipira ndiye mukuidziwa: mitengo ili m'madola, pamafunika khadi ya Visa kapena Mastercard yololedwa kugula kunja, ndipo ndi kusowa kwa ndalama zakunja kumeneku si khadi iliyonse imene imadutsa. Dikirani nthawi ya seli, magemu akale amatsika kwambiri. Za anyamata a pa WhatsApp ndi Facebook ogulitsa "akaunti ya Steam yodzaza magemu" pa Airtel Money kapena Mpamba zisiyeni. Akauntiyo mwini wake amakhala alipo, tsiku lina asintha pasiwedi, ndalama yanu yapita ndipo nambala ija siipezekanso.

Mafayilo mwatsitsawo asungeni pa fulashi. Apa chenjerani ndi mafulashi otchipa a pamsika olembedwa 64 GB kapena 128 GB: ena mkati mwake ndi aang'ono, amalandira fayilo ngati zili bwino koma mukadzaitsegula yawonongeka. Kapulogalamu kaulere ka H2testw kamayesa ukulu weniweni wa fulashi. Komanso fulashi ikakhala ya FAT32 siilandira fayilo yoposa 4 GB, ifometeni ikhale exFAT kapena NTFS. Ndipo fulashi ya magemu isamapite ku burning centre kukaikitsa nyimbo, imabwerako ndi vairasi ija yosandutsa mafoda onse kukhala ma shortcut.

Kuika gemu sindichedwapo, ndi Next, Next basi. Chimodzi chokha: musaike mu Program Files. Pangani foda yanu, mwachitsanzo C:\Games, chifukwa magemu akale amafuna kulemba mafayilo mufoda yawo yomwe, ndipo Windows ya masiku ano imawaletsa kutero mu Program Files. Zotsatira zake mumasewera madzulo onse, mawa nkupeza pamene munalekezera sipanasungidwe.

Tafika pamene panandidyera nthawi. Mumadina gemu, sikirini imada pang'ono, kenaka kabokosi kamatuluka konena kuti d3dx9_43.dll sikupezeka, kapena nambala ina yofanana nayo ngati d3dx9_26. Nthawi zina osatuluka kanthu, gemu kungozimiririka. Ambiri amaganiza kuti poti Windows 10 ndi 11 zili ndi DirectX 12 (DirectX ndi mafayilo a Microsoft amene magemu amadalira poonetsa zithunzi ndi kutulutsa mawu), ndiye zakale zonse zilimo. Ayi. Mafayilo a d3dx9 aja anali owonjezera a DirectX 9, ndipo Windows yatsopano siibwera nawo. Magemu a GOG ndi Steam nthawi zambiri amadziikira okha, koma gemu ya pa CD yakale kapena foda imene mwakopera pa hadi disiki yanu yakale ilibe wouikira. Mukalemba dzina la fayiloyo pa Google, masamba oyamba kutuluka ndi aja opereka DLL imodziimodzi. Musatengeko. Mukaika imodzi gemu imapempha ina, ndipo simudziwa chimene akulungamo. Chofunika ndi DirectX End-User Runtimes ya June 2010 yochokera patsamba la Microsoft lenileni, pafupifupi 95 MB. Mukaidina siiika kanthu, imangokufunsani foda yoti imasuliremo mafayilo. Apa ndi pamene anthu amalekera poganiza kuti zatha. Lowani mufodamo, mupeze DXSETUP.exe, mudine imeneyo. Ikatha, sungani fayilo yoyamba ija pa fulashi, idzakuthandizani pa laputopu ina iliyonse.

Chachiwiri ndi DirectPlay, gawo lakale la DirectX lothandiza kusewera ndi anzanu pa netiweki. Magemu a zaka za m'ma 2000 ngati GTA Vice City ndi San Andreas amaifuna ngakhale mukusewera nokha. Pitani pa Control Panel, Programs, kenaka Turn Windows features on or off. Tsikani mpaka pa Legacy Components, dinani kachizindikiro ka + ndi kuchonga DirectPlay. Pa laputopu yabwinobwino zimatha pamphindi zochepa. Pa yanga Legacy Components panalibiretu, ndipo mndandanda wonsewo unali waufupi modabwitsa. Ndinaika DirectX mobwereza, ndinayesa Compatibility iliyonse, osatheka. Vuto linali Windows yomwe: amene anandigulitsa makinawo anaikamo Windows ija amaitcha lite, yodulidwadulidwa kuti laputopu yofooka izioneka yachangu pamaso pa kasitomala. Odulawo amachotsa chilichonse chimene akuona ngati chachabe, ndipo DirectPlay imapita nawo limodzi. Ili ngati njinga ya kabaza yochotsa keriyala kuti ipepuke: ikuyenda ndithu, koma ntchito imene munaigulira siigwira. Mukaona mndandanda wanu uli choncho, kapena Windows Update ndi Defender kulibe, musataye nthawi ndi mankhwala a pa YouTube. Sungani mafayilo anu, muikenso Windows yathunthu yochokera ku Microsoft kudzera pa Media Creation Tool. Idya bandulo yokwana magigabaiti angapo, choncho gawanani ndi anzanu fulashi imodzi. Mukapita kwa okonza makompyuta, anenereni poyera kuti simukufuna lite, ndipo musachoke pashopu musanatsegule bokosi la Windows features lija nkuona Legacy Components ndi maso anu.

Muli pabokosi lomwelo, chongani .NET Framework 3.5. Iyi imafuna intaneti pang'ono. Tengani ndi ma Visual C++ Redistributable a 2005, 2008 ndi 2010, ndipo muike a x86 ngakhale Windows yanu ili ya 64-bit, poti magemu akalewa ndi a 32-bit. Gemu ikakanabe, dinani kumanja pa fayilo yake ya .exe, Properties, Compatibility, musankhe Windows XP Service Pack 3 ndi kuchonga Run this program as an administrator.

Zikatheka izi, ndiye tiike Playnite. Ndi yaulere, imapezeka pa playnite.link, ndipo ndi yopepuka poyerekeza ndi GOG Galaxy. Poyamba imakufunsani masitolo amene mukufuna kulumikiza; chongani GOG, ndi Steam ngati muli nayo, idzapeza yokha magemu amene mwaika kale. A pa CD ndi a m'mafoda muwaonjezere pa Add Game: mukasankha Scan Automatically mumailozera C:\Games, iyo nkukuonetsani ma .exe onse amene yapeza. Chongani a gemu okha, osati a uninstall. Zithunzi ndi mbiri ya gemu imatsitsa pa intaneti, chitani zimenezo kamodzi muli ndi bandulo, pambuyo pake imagwira popanda netiweki. Mukadina F11 imalowa Fullscreen, imene imaoneka bwino mukalumikiza laputopu ku TV ndi chingwe cha HDMI. Amene mwazolowera Steam mungachite zomwezo pa Add a Non-Steam Game, kungoti muziikumbukira kuiika pa Offline Mode.

Magemu a nthawi ya MS-DOS a pa GOG amabwera atakulungidwa kale mu DOSBox, ena mu ScummVM, mapulogalamu oyendetsa magemu akalewa pa Windows yatsopano, palibe chokonza. Mu DOSBox, Alt ndi Enter zimakulitsa sikirini, Ctrl ndi F11 zimachepetsa liwiro gemu ikamathamanga ngati yapenga, Ctrl ndi F12 zimaonjezera, Ctrl ndi F10 zimamasula mausi. Pa malaputopu ambiri muyenera kugwiranso batani la Fn. Ctrl ndi F9 musayerekeze, zimatseka zonse osafunsa.

Mapadi osewerera magemu otchipa a USB aja ooneka ngati a PlayStation 2 amagwira pa magemu ambiri akale osafuna china. Gemu ikafuna padi ya Xbox ikani x360ce, kapulogalamu kochititsa kuti padi yanu izioneka ngati ya Xbox. San Andreas yoyambirira anaichotsa pa Steam mu 2021, koma ngati muli ndi yanu yakale ndipo mausi ikumaima, kachigamba kokonza gemuyi kotchedwa SilentPatch kamathetsa vutoli. Chithunzi chikatambasuka anthu nkumaoneka onenepa, ndi chifukwa gemuyo inapangidwira sikirini ya 4:3, sankhani Maintain aspect ratio mu pulogalamu ya Intel Graphics. Ngati batire la laputopu linafa kale, sungani gemu pafupipafupi poti magetsi sachenjeza, ndipo foda ya ma save, imene kawirikawiri imakhala mu Documents kapena mufoda ya gemu yomweyo, muziikopera pa fulashi ija.