MP wanu akatula pansi udindo, chisankho chachibwereza muchite nacho chonchi

Anthu ambiri kuno ku Kasungu amaona ngati MP akasiya mpando ndiye chipani chake chingotola munthu wina nkumukhazika pamenepo, ayi ndithu sizimatero. Sipikala wa nyumba ya malamulo amalengeza kaye kuti mpandowo ulibe munthu, kenako a MEC amakonza chisankho chachibwereza, monga limanenera gawo 63 la malamulo aakulu a dziko lino.

Choyamba fufuzani ngati ndi dera lanudi. Kumbukirani madera anawaduladula, pa chisankho cha 2025 analipo 229 kuchoka pa 193 aja, ndiye mwina MP amene mumamutcha wanu si wanunso. Amavota ndi okhawo amene analembetsa m'dera limenelo, ngati munalembetsa ku Santhe koma pano muli pa esiteti ku Chamama musaganize kuti mungofika pa sukulu yapafupi nkuvota, akubwezani. Matenanti ndi amene zimawapweteka kwambiri izi chifukwa chosamukasamuka.

A MEC akalengeza masiku oona maina, pitani pa senta pomwe munalembetsa mukaone dzina lanu mu kaundula, mutenge kachiphaso ka voti kaja ndi chitupa cha unzika. Kachiphasoko ngati kanatayika kapena ana anakanyowetsa kanenereni pompo, osadikira tsiku lovota.

Nthawi ya kampeni ndiye mudzaona zinthu, ma bigi onse a zipani amathamangira dera limodzi lomwelo poti kwina kulibe chisankho, magalimoto fumbi lokhalokha, nsalu, ma tisheti. Kugawa ndalama pokopa mavoti nkoletsedwa ndi lamulo la zipani la 2018. Inu afunseni za mlatho ndi mankhwala kuchipatala basi. Kampeni imatsekedwa kutatsala maola 48 kuti kuvota kuyambe.

Tsiku lovota lawirirani mmamawa, zovala za chipani zisiyeni kunyumba, chongani munthu mmodzi yekha, mukachonga awiri pepala lanu laonongeka. Ndipo apa palibe za 50+1, izo ndi za pulezidenti, MP amapambana ngakhale aposa mnzake ndi voti imodzi. Chisankho chachibwereza anthu amabwera ochepa, ndiye mudzi umodzi ukangoti tikupita kudimba zotsatira zimatembenuka. Wopambanayo sayamba zaka 5 zake, amangomaliza nthawi yomwe mnzake anasiya.