Momwe wochita sewero angayambire kulemba mafilimu a ndalama zochepa

Munthu amene wakhala zaka zingapo akusewera m'mafilimu amakhala ndi khutu lakuthwa, chifukwa amadziwa mawu amene amatuluka bwino pakamwa ndi amene amakola lilime. Komabe wolemba amayenera kuona filimu yonse, pomwe wosewera amangosamala za gawo lake.

Choyamba, werenganinso masikiripiti a mafilimu amene munasewerapo, koma ulendo uno muzidzifunsa chimene munthu aliyense akufuna pa chochitika chilichonse ndiponso chimene chikumutchinga. Kenako phunzirani kalembedwe kake. Zilembo zimakhala za mtundu wotchedwa Courier za saizi 12, ndipo tsamba limodzi limawerengedwa ngati mphindi imodzi, motero filimu yathunthu imadya masamba 90 mpaka 120. Chochitika cha m'nyumba chimayamba ndi INT., cha panja ndi EXT., kenako malo ndi nthawi. Mapulogalamu monga Final Draft ndi Celtx amasanja zimenezi okha.

Povuta penipeni m'pakuti wosewera amakonda kudzilembera zolankhula zazitali zoti adzaonetsere luso lake. Kamera siona za mumtima, ndipo kungolemba kuti mayi wakhumudwa sikuthandiza aliyense. Lembani kuti watenga mbale ziwiri, waziika patebulo, wayang'ana mpando wopanda munthu, n'kubwezera imodzi m'kabati. Mukatero mwapatsa wosewera mnzanu mpata wogwira ntchito yake, mpata umene inunso munkaudandaula olemba ena akakumanani.

Kumbukiraninso kuti filimu yopangidwa popanda kampani yaikulu imalira ndalama pa tsamba lililonse. Zochitika za usiku, za mvula ndi za khamu la anthu n'zosavuta kulemba koma n'zodula kujambula, choncho yambani ndi filimu yaifupi ya masamba 10, anthu atatu ndi malo awiri. Ngati n'kotheka lembani ndi munthu amene anazolowera kale, monga anachitira Greta Gerwig, wosewera m'mafilimu wa ku America, yemwe analemba Frances Ha ya mu 2012 pamodzi ndi Noah Baumbach asanalembe yekha Lady Bird ya mu 2017. Mugwirizane polemba papepala za mwini nkhaniyo ntchito isanapite patali.

Mukamaliza, itanani anzanu osewera adzaiwerenge mokweza atakhala patebulo. Inu musatenge gawo lililonse, ngakhale lilime likuyabwa. Khalani pambali ndi cholembera, ndipo paliponse pamene wowerenga wapunthwa kapena omvera ayamba kusuzumira mafoni, chongani tsambalo kuti mukalilembenso.