Momwe mungayendetsere banki mkhonde kuti dyera lisagwetse gulu

Anzanga amene muli m'mabanki mkhonde kapena mukufuna kuyambitsa yanu, vomerezani kaye kuti aliyense wabwera pagulupo kudzafuna phindu lake, ndipo palibe cholakwika pamenepo. Wina akufuna mpamba wa geni ya mandasi, wina feteleza, wina malata kapena fizi ya mwana. Adam Smith, katswiri wa zachuma wa ku Scotland, analemba mu 1776 kuti chakudya sitichipeza chifukwa choti ogulitsa nyama ndi ophika buledi amatikonda ayi, koma chifukwa nawonso akusaka phindu. Munthu yemweyo mu 1759 anali atalemba kale kuti ngakhale wina akhale wodzikonda chotani, amakhalabe ndi mtima wokhudzidwa ndi zimene zikuchitikira anzake. Zonse ziwirizi zimakhala mwa munthu mmodzi, nde ntchito yanu ndikupanga malamulo oti munthu akachita chilungamo apindule, akazemba aluze.

Yambani ndi kusankha anthu. Musatole aliyense chifukwa choti ali ndi ndalama zambiri zogulira masheya, tengani anthu odziwana, oti mawa mukumananso nawo kumaliro, kutchalitchi, kumzikiti kapena kuchigayo. Munthu amene akudziwa kuti adzakusowaninso saba chisawawa, chifukwa dzina lake likaipa waluza zambiri kuposa zimene wathawa nazo. Ndondomeko imene bungwe la CARE linayambitsa ku Niger mu 1991, komwe mabanki amenewa anachokera, imalimbikitsa anthu pafupifupi 15 mpaka 25. Mukachuluka kwambiri ena amayamba kubisala kumbuyo kwa anzawo.

Malamulo pangani nonse pamodzi, osati wapampando kubwera nawo olembalemba kuchokera kunyumba kwake. Mayi Elinor Ostrom, amene mu 2009 anakhala mzimayi woyamba kulandira mphoto ya Nobel pa zachuma, anafufuza magulu ambiri ogwiritsa ntchito zinthu pamodzi monga nkhalango, msipu, madzi othirira ndi nsomba, ndipo anapeza kuti magulu okhalitsa ndi amene mamembala amapanga okha malamulo, kuyang'anirana okha komanso kulangana pang'onopang'ono. Kwathu kuno taonani ku chilumba cha Mbenji ku Salima, komwe asodzi amatseka usodzi nyengo ya mvula motsogozedwa ndi mfumu Makanjira, ndipo zakhala choncho kwa zaka zambirimbiri. Msodzi aliyense payekha akanapindula kukaponya khoka nthawi yotsekayo, koma amadziwa kuti anzake akumuona ndipo chilango chilipo.

Ndalama zisakhale m'manja mwa munthu mmodzi. Bokosi likhale ndi maloko atatu, makiyi kwa anthu atatu osiyana, wosunga bokosi asakhale ndi kiyi, ndipo kuwerenga kuzichitika pamaso pa aliyense mokweza mawu. Ena amati kutero ndi kusakhulupirirana, ine ndimati ndi kumuteteza msungichuma, chifukwa tsiku limene mwana wake wadwala usiku ndalama za gulu zili kuchipinda, yesero lake ndi lalikulu zedi ngakhale kwa munthu wopemphera. Ngati mumatumizirana pa Airtel Money kapena Mpamba, uthenga uliwonse wa ndalama uzionetsedwa kwa onse tsiku lomwelo, osati kudikira mapeto a mwezi.

Pa ngongole ndi pamene pagona nkhani. Munthu asakongole zoposa katatu pa masheya ake. Tiyerekeze kuti mayi wina wasunga K50,000 nde mwamupatsa K600,000, akakhala pansi nkuwerengetsera aona kuti kuthawa kumupindulira kuposa kubweza, ndipo apa inuyo ndi amene mwamuika poterera. Koma wa K50,000 akatenga K150,000 amaganiza kawiri, poti akazemba aluza masheya, chiwongoladzanja chake cha pogawana, mwayi wokongolanso komanso ulemu. Chiwongoladzanja nachonso musachikweze mpaka kufanana ndi katapila. 20 peresenti pamwezi imaoneka yokoma mukamaganiza za tsiku logawana, koma ndi mabizinesi angati a pamsika amene angabweze zimenezo mwezi ndi mwezi nkutsalabe ndi kenakake? Mapeto ake munthu amakakongola kubanki ina kuti abweze kuno, kenako kwinanso kuti atseke uko, mpaka amathawa pamudzi kapena kulandidwa ziwiya. Ndipo chonde siyani lamulo lija lokakamiza aliyense kukongola kaya akufuna kaya sakufuna, limangokankhira m'ngongole anthu amene analibe pulani iliyonse ndi ndalamayo.

Kumbukiraninso kuti kwacha imagwa. Mu November 2023 inatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti, ndipo nthawi ngati imeneyo amene wagwira katundu amapindula akamachedwetsa kubweza pomwe osunga akuluza. Choncho chindapusa cha kuchedwa chikhale chomveka kuyambira tsiku loyamba, ndipo chizikwera. Koyamba chenjezo ndi kachindapusa kochepa, kachiwiri chokulirapo, kachitatu kumuimitsa kukongola. Kulanda mbuzi kapena matiresi pa kulakwa koyamba kumangobala udani, ndipo ena onse amayamba kubisa mavuto awo m'malo mowanena msanga. Chilangocho chigwere aliyense mofanana, kaya ndi mkazi wa amfumu kaya ndi mlamu wake wa mlembi, chifukwa anthu akaona kuti wina wakhululukidwa chifukwa cha dzina, nawonso amasiya kubweza posafuna kukhala opusitsidwa okha.

Samalani kwambiri miyezi yomaliza. Tsiku logawana likamayandikira, amene sakufuna kudzapitiriza chaka chamawa alibenso choopa, nde ngongole zambiri zimafera pamenepo. Siyani kukongoza kukatsala mwezi umodzi kapena iwiri, gwirizanani kuti chotsala chilichonse chidzadulidwa pa masheya a mwini wake, ndipo nenani msanga kuti olowa chaka chamawa ndi okhawo amene amaliza bwino chaka chino.

Thumba la zadzidzidzi musalinyoze. Kandalama kochepa kamene aliyense amaponya pamkumano uliwonse kothandizira maliro, matenda kapena nyumba ikapsa, kamathandiza kusiyanitsa amene walephera kubweza chifukwa cha tsoka ndi amene akungozemba. Wodwalitsa mumuyendere, mumupatse za m'thumbamo popanda chiwongoladzanja, mumuwonjezere masabata obwezera, ndipo zonsezo mlembi azilembe m'buku pamaso pa gulu kuti wina akadzagwa m'vuto lomwelo adzalandire chimodzimodzi.