Drive ikazima, musathamangire kudina reset

VFD kapena kuti drive, chipangizo cholamulira liwiro la mota, siima popanda chifukwa. Ikaimitsa mota n'kulemba zilembo pa sikirini, ndiye kuti ikukuuzani pamene pavuta. Zimandiwawa kuona munthu akungodina reset mobwerezabwereza mpaka ma IGBT, timaswitchi ta mkati mwa drive totumiza magetsi ku mota, kupsa. Lembani zilembozo papepala, mulembenso kuti yazima nthawi yanji: mota ikuyamba kuzungulira, ili pakati pa ntchito, kapena ikuima. Zimenezi n'zimene zikulondolereni.

Musanatsegule chivindikiro cha drive, zimitsani magetsi, mukhome switch ndi loko, mudikire mphindi zimene opanga analemba pa drive. Kenako yezani ndi mita pakati pa DC+ ndi DC-, nsonga ziwiri za DC bus, pamene drive imasunga magetsi m'ma capacitor. Pa magetsi a 400V, ma capacitor amasunga pafupifupi 560V, ndipo kuzima kwa sikirini si umboni woti mphamvuyo yatha. Magetsi amenewa amapha, chonde musawaderere.

Ikalemba overvoltage (ma volti okwera kupitirira muyezo) mota ikuima, nthawi zambiri drive ilibe mlandu. Katundu wolemera, monga fani yaikulu, amapitiriza kuzungulira n'kumakoka mota, motayo n'kuyamba kubweza magetsi ku DC bus. Talikitsani nthawi yoimira, mwachitsanzo kuchoka pa masekondi 5 kufika pa 20. Ngati makinawo ayenera kuima msanga, pakufunika braking resistor, chipangizo chosandutsa magetsi obwererawo kukhala kutentha, ndipo ngati ilipo kale, iyezeni chifukwa imatha kuduka mkati osaoneka kunja.

Overcurrent (ma ampu opitirira muyezo) mota ikuyamba kuzungulira ndi nkhani ina. Magetsi ali ozima, zungulizani shafiti ndi dzanja muone ngati siyagwira. Yerekezani manambala a pa chitsulo cha mota, ma ampu, ma volti ndi ma Hz, ndi amene analowetsedwa mu drive. Ambiri amasintha mota koma manambala n'kusiya akale. Mukafuna kuyeza mota ndi megger, chida choyezera ngati chokutira mawaya sichikudutsitsa magetsi, yambani mwamasula mawaya ake pa U, V ndi W pa drive, apo ayi mphamvu ya megger iwononga drive.

Drive ikamadandaula kutentha, onani ngati fani yake ikuzungulira, muchotse fumbi pa heatsink, chitsulo chamizeramizera chotulutsa kutentha.

Pa servo (mota yoyenda n'kuima ndendende pamene yalamulidwa), ine ndimayambira pa waya wa encoder, kachipangizo kouza drive pamene shafiti yafika, ndisanakhudze ma gain, manambala ochunira mmene drive imayankhira. Pulagi yokhwepa, kapena waya woyenda limodzi ndi mawaya a mota, imasokoneza uthenga wonena pamene shafiti yafika, makina n'kumanjenjemera kapena kulemba following error, kutanthauza kuti shafiti sikufika pamene yalamulidwa. Mawayawo adutse njira zosiyana, ndipo shield, ukonde wachitsulo wokuta wayayo, ilumikizidwe bwino ku earth ndi kalampu yogwira mozungulira waya wonse.