Munthu wa quest akakutulutsirani lupanga mu Skyrim, musathamangire kubwezera

Ine zinandichitikira ku mudzi wa Riverwood, gemu itangoyamba kumene, ndili pa quest (ntchito imene munthu wa mu gemu amakutuma). Ndavutika ku Bleak Falls Barrow, kangaude wamkulu uja wandiluma mpaka magazi kutsala pang'ono kutheratu, Golden Claw ndaipeza, ndatsika phiri ndili ndi chimwemwe kuti Lucan Valerius, mwini shopu amene anandituma, andipatse zanga. Ndalowa mu shopu muja, ndafika pa kauntala, m'malo moloza mbewa pa Lucan ndinaloza pa kabotolo kamene kanali pambali pake nkudina E. Basi, ndaba. Mkulu uja kukuwa, ine mantha nkudina batani lomenyera, nkhwangwa pamutu pake pha, mlongo wake Camilla naye walowerera, ndipo potuluka panja ndinapeza mudzi wonse ukundidikira. Cholakwika chachikulu sichinali kabotolo kaja ayi, chinali kubwezera.

Ndiye chinthu choyamba, manja pansi. Bwezani chida m'chimake, pa kompyuta ndi R. Mu Skyrim kubweza chida ndiye kunena kuti ndagonja, ndipo anthu ambiri amene mwangowagunda mwangozi amasiya ndewu pomwepo, mwina akunyozani pang'ono koma basi. Nthawi zina sizigwira ulendo woyamba, solorani nkubwezanso kawiri katatu muli chiimire patsogolo pake. Ngati muli ndi wokutsatirani ngati Lydia samalani, chifukwa iyeyo sadziwa zokambirana, inu mukugonja iye ali kalikiliki kutema munthu amene mukufuna akulipireni, ndiye thawani naye mutuluke panja kapena mupite patali ndithu mpaka nyimbo ya nkhondo ija itasiya.

Chachiwiri, ndipo ichi anthu amachiphonya kwambiri, musaseve pamwamba pa sevu yakale. F5, batani losevera mwachangu lija, imafufuta quicksave imene inalipo, ndiye mukaidina muli pakati pa chipwirikiti mwadzitsekera nokha chitseko. Komanso gemuyi imadzisevera yokha mukamalowa ndi kutuluka m'nyumba, ma autosave alipo atatu okha amene amasinthanasinthana, kutanthauza kuti mukathawa kudutsa zitseko zitatu sevu yabwino ija yapita. Imani kaye, tsegulani Load, onani ngati pali sevu ya mphindi khumi zapitazo. Ngati ilipo, abale, ingolodani, palibe manyazi apa, zonse zimene ndilembe m'munsimu ndi za amene sevu yawo yomaliza ndi ya dzana.

Tsopano muyenera kudziwa kuti wakwiya ndi ndani kwenikweni, chifukwa mankhwala ake amasiyana. Pena ndi lamulo la dera, pena ndi gulu limene munthuyo alimo, pena ndi nkhani ya gemu imene inalembedwa choncho, pena gemu yangosokonekera mutu, pajatu iyi ndi gemu ya Bethesda ya 2011, ngakhale anaitulutsanso mu 2016 ngati Special Edition ma bug ambiri, zosokonekera za mu gemu, anasamuka nayo limodzi.

Yambani ndi lamulo poti kawirikawiri vuto limakhala pamenepo. Pitani pa menyu, General Stats, kenako Crime, muona ngati muli ndi bounty (chindapusa cha mlandu wanu) ndiponso dera lake. Skyrim ili ndi madera 9 ndipo lililonse limasunga mlandu wakewake, mlandu wa ku Whiterun alonda a ku Riften sawudziwa nkomwe. Kumenya munthu ndi golide 40, kupha ndi 1000, kugwidwa mukupisa m'thumba mwa munthu ndi 25, kusanduka chilombo anthu akuona ndi 1000. Bola mlandu ulipo, anthu a dera limenelo amatha kukuonani ngati chigawenga, wa quest wanu yemwe. Pezani mlonda, chida chili m'chimake, mulekeni akulankhuleni. Mukhoza kulipira chindapusa, koma dziwani kuti katundu yense wakuba amene muli naye alanda, ndiye ngati pali kanthu kamene mumakakonda kakabiseni kaye kwina. Mukhoza kusankha ndende, mukagona pa bedi la m'selo masiku amadutsa okha, sapitirira 7, chimene mumataya ndi kachidutswa ka skill kamene munali mutasonkhanitsa kupita ku levulo yotsatira, levulo yeniyeniyo siitsika. Ngati ndinu Thane wa deralo (udindo waulemu umene wolamulira dera amakupatsani) mukhoza kumuuza mlonda kuti kodi ukundidziwa ine, iye nkukusiyani, koma mwayi umenewu ndi wa kamodzi, musauwonongere mlandu wa 40.

Za Riverwood zija panali kovuta kena. Koyambirira kwa gemu m'mudzimo mulibe alonda, amabwera pokhapokha mutakalankhula ndi Jarl Balgruuf, wolamulira dera la Whiterun, ku nyumba yake ya Dragonsreach, ndiye panalibe woti ndimulipire. Ndinathamanga wapansi mpaka ku Whiterun, Riverwood ili pansi pa dera limenelo, ndinalipira kwa mlonda wa kumeneko, pobwerera Lucan anandilandira ngati palibe chinachitika, nkutenga claw yake nkuiika pa kauntala pomwe paja. Ndipo inde, nkhani ya nkhuku ija ndi yoona, mukapha nkhuku ya m'mudzi anthu amakuthamangitsani ngati mwapha mfumu, njira yake ndi yomweyi.

Ngati bounty ili pa 0 koma munthu akukuzondanibe, ganizirani za gulu lake. A Thieves Guild mukabera kapena kumenya mnzanu wa m'gulu amakuchotsani, aliyense ku Ragged Flagon amakutembenukirani, ndipo kuti mubwerere mumakapereka 1000 kwa Vex. Ku Dark Brotherhood chindapusa ndi 500, mumapereka kwa Nazir. Ku College of Winterhold mumakaonana ndi Tolfdir, nayenso amafuna ndalama. Yang'anani mu journal chifukwa ka quest kopepesera kamalowa mwakachetechete, anthu ambiri sakaona, amangodabwa kuti bwanji Brynjolf wa Thieves Guild sakundiyankha.

Pali ina imene inandidya mutu sabata yathunthu, ya zibakera. Ma quest ena amafuna mumenyane ndi munthu chimanjamanja, monga Uthgerd ku Bannered Mare amene mumabetcherana naye 100, kapena ntchito zija amakutumani a Companions kuti mukaopseze munthu. Ndewu imeneyi ndi yamasewera bola mugwiritse manja okha. Koma chilichonse chimene chingamupweteke mwa njira ina gemu imachiwerenga ngati mwamuukira zenizeni, kaya ndi matsenga a moto wozungulira thupi amene munayatsa musanalowe, kaya ndi Ebony Mail ija imene imathira poizoni aliyense amene mukulimbana naye pafupi, kaya shout (matsenga ofuula). Zikatero asolola chida, alonda abwera, quest yaima. Musanavomere zibakera vulani zonse zokayikitsa, dikirani matsenga azime, wokutsatirani muuzeni adikire panja, ndipo sevani.

Onaninso ngati simunasanduke namapopa osadziwa. Mu gemu yoyambirira ija yopanda gawo lowonjezera la Dawnguard, vampire (namapopa) akakhala masiku osamwa magazi nkufika siteji 4 aliyense amamuukira akangomuona, ndiye munthu umangodabwa tauni yonse yakwiya iwe osalakwa kanthu. Mankhwala ake kumwa magazi a munthu amene wagona, kapena kukachiritsidwa kwa Falion ku Morthal, amafuna black soul gem yodzaza. Amene muli ndi Special Edition izi sizikukhudzani kwenikweni poti Dawnguard ilimo kale ndipo inachotsa zimenezi, kupatula mukasanduka Vampire Lord pagulu.

Nanga ngati zonsezi mwayesa koma mkulu uja akangokuonani akusolola? Apa ndi pamene matsenga a Illusion amapulumutsa. Calm imaziziritsa munthu wofika levulo 9 kwa masekondi 30, Pacify imafika levulo 20 kwa masekondi 60, mabuku ake amagulitsa Drevis Neloren ku College. Masekondi 30 akuoneka ochepa koma ndi okwanira kumulankhula, kupereka katundu, kulandira malipiro quest nkutsekeka, akadzadzidzimuka inu muli kutali. Nthawi zambiri mkwiyo umatheranso pomwepo. Ngati munasankha mtundu wa Imperial muli ndi mwayi, Voice of the Emperor imachita zomwezi kwa anthu onse amene ali pafupi kwa masekondi 60, kamodzi pa tsiku, osagula kanthu. Ine ndimaona kuti aliyense, ngakhale wa nkhwangwa ngati ine, ayenera kuyenda ndi Calm m'thumba.

Njira ina yaulesi koma imagwira, chokani. Pitani dera lina, dinani T mudikire maola 24 kangapo, kapena kachiteni quest ina masiku angapo a mu gemu. Pobwerera mupeza ambiri aiwala. Ndipo ngati munthuyo ndi wa nkhani yaikulu ngati Delphine, amene gemu siilola kuti afe, mukamumenya mpaka magazi kutha amangogwada pansi kupuma kenako nkudzuka, ena amati akadzuka amakhala atazizira, ine sindikulimbikitsa chifukwa mboni zikaona mlandu ukungokwera, komanso si onse a ma quest amene ali otetezedwa choncho, wina mudzangomupha quest nkulembedwa failed.

A pa kompyuta muli ndi console, kabokosi kolembamo makodi olamulira gemu, a PlayStation, Xbox ndi Switch pepani mulibe. Dinani batani lija lili pansi pa Esc, gemu iima, dinani pa munthuyo ndi mbewa mpaka nambala yake ioneke pa sikirini, onetsetsani kuti ndi iyeyo osati mpando kapena utsi umene uli patsogolo pake. Lembani stopcombat nkudina Enter. Akayambiranso lembani setav aggression 0, kenako setrelationshiprank player 1 kuti akuoneni ngati mnzake, manambala ake amayambira pa -4 mdani weniweni mpaka 4 wachikondi, musapite ku 4 mwachibwana. Ngati ndi gulu lonse likukuthamangitsani player.scaonactor imaletsa onse nthawi imodzi. Mlandu wa ku Whiterun umafufutika ndi player.setcrimegold 0 000267EA, dera lililonse lili ndi nambala yake. Zikakanikabe, disable kenako enable pa munthu yemweyo zimamudzutsa ngati mwazimitsa foni nkuyatsanso. Pangani sevu yatsopano musanayambe zonsezi, console siifunsa kuti mwatsimikiza. Chimene sindingakulangizeni ndi kumupha dala nkulemba resurrect, thupi limadzuka inde koma quest imakhala itamva kale kuti wafa, ndipo siibwerera m'mbuyo.

Koma musanalembe makodi onsewa dzifunseni ngati gemu sinafune yokha kuti zitero, ndipo apa ndiulula nkhani pang'ono, amene simunafike mudumphe. Mercer Frey akakutembenukirani ku Snow Veil Sanctum si bug, palibe Calm kapena chindapusa chimene chingakonze, nkhani ya Thieves Guild imayenda choncho. Lord Harkon mukakana mphatso yake ndiye kuti nyumba yake yonse ndi adani anu. Delphine ndi Esbern akasiya kukuthandizani mpaka mutapha chinjoka Paarthurnax si kusokonekera, ndi chisankho, ndipo mukamuphadi ndiye Arngeir ndi anzake ku High Hrothgar ndi amene akufulatireni, sadzakuuzaninso kumene kuli mawu a ma shout. Ku Markarth alonda akakunamizirani mlandu kumapeto kwa Forsworn Conspiracy musalimbane nawo kapena kufufuta bounty ndi console, vomerani akutsekereni ku Cidhna Mine chifukwa quest yotsatira ili m'kati mwa ndendemo, ndipo amene amakana kumangidwa pamenepo ndi amene amadzalira kuti alonda a ku Markarth sakuwasiya mpaka kalekale. Njira yodziwira ndi yosavuta, tsegulani journal, ngati mawu a quest asintha nthawi yomwe munthuyo anakwiya ndiye kuti zinalembedwa, ngati akadali kunena kuti kalankhuleni ndi uje pamene ujeyo akukutemani, ndiye yambani ndi R uja.

Ine masiku ano ndikalowa mu shopu ndimaima kaye, kuyang'ana ngati mawu ali pakati pa sikirini ndi dzina la munthu kapena ndi Steal yofiira ija, kenako ndiye E. Ndipo chinjoka chikatera pakati pa tauni shout ya Fus Ro Dah ndi ma fireball ndimasunga, ndimagwira uta, chifukwa alonda ndi anthu a m'mudzi amathamangira kutsogolo kwenikweni kumene mukuloza.